Manja Khumi ndi Awiri Pansi pa Mtedza

Nkhani iyi anandiuza ndi Wangolo mwini wake, Lachinayi lapitali, tikuponda dothi la njerwa kuseri kwa sukulu. Ndikuifotokoza monga anandiuzira, osathirako mchere.

"Tambasula manja, bambo ako aone!"

Mkazi wa Wangolo anamukokera mwana wawo pakhonde, pamene mwamuna wake anakhala akulumikiza chingwe cha goli. Mtsikanayo anatambasula. Zikhatho zonse zinali matuza, ena ataphulika kale.

"Ndaona," anatero Wangolo, maso ali pachingwe.

"Mwaona chiyani? Mukuona chingwe inu. Onaninso ichi." Anamuponyera kope pamiyendo. "Lolemba, mbee. Lachitatu, mbee. Lachisanu, mbee. Mwana wa sitandade eyiti, mayeso atsala masabata asanu, kope likuyera ngati thonje. Ndiye lero amuthamangitsa."

Apa Wangolo anadzutsa mutu. "Amuthamangitsa? Walakwa chiyani?"

"Mufunseni. Si mwana wanu?"

Mwanayo anthu onse ankamutchula Kaphunzitsi, chifukwa ali wamng'ono ankandandalika zitsononkho pabwalo n'kumaziphunzitsa kuwerenga, zosamva n'kuzikwapula. Anayankha ataweramitsa mutu, koma mawu ake sananjenjemere.

"Ahedi atatiuza kuti titenge madengu tipite kumunda, ine ndinakweza mkono. Ndinafunsa ngati kuthothola mtedza kudzabwere pa mayeso."

"Pamaso pa ana onse?"

"Tinali pamzere, ababa."

"Kalanga ine!" Wangolo anagwira kumutu.

"Ndiye anati ndisabwerenso mpaka ndidzagwade n'kupepesa a Nkhokwezisanu pamsonkhano wa makolo. Msonkhanowo ndi wa Lachisanu la sabata yamawa."

A Nkhokwezisanu anali mlimi wamkulu wa dera lonselo, wapampando wa komiti ya sukulu, komanso mwini wa ngolo ndi ng'ombe ziwiri zimene Wangolo ankayendetsa. Munda wawo wa mtedza unayambira pampanda wa sukulu n'kutsetsereka mpaka pamwala waukulu wa kumunsi. Ankati malo onsewo, ndi pamene pali makalasi pomwe, ndi a malemu bambo awo, amene anangobwereketsa anthu mwachifundo. Tsono pothokoza, ana a sukulu ankagwira m'mundamo m'mawa katatu pasabata. Papepala ankalemba kuti ndi phunziro la ulimi. Mtedza wake unkalowa mu nkhokwe zisanu zimene zinawapatsa dzinalo, wonyamula ali Wangolo.

"Masabata awiri si chaka," anatero Wangolo. "Adzagwada, adzapepesa, nkhani idzatha. Bondo silitha chifukwa chogwada."

"Lanu ndiye linatha kalekale."

"Mayi, samalani pakamwa. Zimene mumaphika m'nyumba muno zimabwera pa ngolo imeneyo. Fodya wako ndi amene ali pamphuno, wapachala ndi wa mphepo. Ndikalimbana ndi a Nkhokwezisanu, mawa ng'ombe apatsa wina. Ndiye tidzadya makope?"

"Nanga mwanayu akalephera mayeso adzadya chiyani? Chikwapu chanu? M'mera mpoyamba, bambo. Chaka chatha mwa ana makumi anayi anakhoza atatu. Atatu! Enawo ali kuti? Si awo akugwira ganyu m'munda womwewo? Munthuyu akudzilimira antchito, ife tikumuombera m'manja."

"Ndiye mukufuna ine ndichite chiyani? Ndine boma ine?"

Mkaziyo anatsitsa mawu, ndipo Wangolo ankadziwa kuti mawu akatsika ndiye kuti zavuta.

"Paja pondifunsira munkandiuza chiyani kuchitsime kuja? Simunkati sukulu imeneyi anamanga ndi bambo anu? Simunkati mabanja khumi ndi awiri anapereka malo, banja lililonse mizere makumi awiri? Kuti poti panalibe wodziwa kulemba, aliyense anadinda dzanja lake panjerwa yaiwisi, bambo anu n'kuziwotcha, n'kukazikwirira pamene munda wa sukulu unathera? Munkati wonyamula ndowa ya makala munali inuyo. Kapena linali bodza lonyengerera mtsikana?"

"Sindinakunamizenipo."

"Ndiye njerwazo zili kuti?"

Wangolo anayang'ana mwana wake, amene anali atamutong'olera maso, n'kubwerera kuchingwe chake. "Zakale zimenezo. Ndinali mwana."

"Mlandu suola," anatero mkaziyo akutola kope lija. "Njerwa yowotcha ndiye iole?"

M'mawa mwake Wangolo akumanga ng'ombe pagoli, a Nkhokwezisanu anafika kukhola atapisa manja m'matumba a jekete. Ng'ombezo Wangolo anazilandira zili mathole, n'kuziphunzitsa yekha. Yakuda ankaitchula Mtambo, yotuwa Phulusa, ndipo zinkamva likhweru lake kuposa chikwapu.

"Mwadzuka bwanji, bwana?"

"Ndadzuka ndi mutu, chifukwa cha mwana wako. Kodi pakamwa pamenepaja anatengera ndani? Iwe ndiwe munthu wofatsa."

"Ndi chibwana, bwana. Ndimati mwina mumukhululukire abwerere m'kalasi, poti mayeso ayandikira."

"Adzabwerera akagwada. Anthu onse aone. Ndi mayi a ku ofesi ya maphunziro akubwera tsiku limenelo, aone kuti kuno ana timawalera. Nkhuyu zodya mwana zimapota wamkulu, ukudziwa iwe. Ng'ombe izi ofuna kuziyendetsa ndi ambiri." Anamenya Mtambo pamsana, ng'ombeyo n'kusunthira kumbali. "Lero usayambe ndi mtedza. Pita kwa wopenta ukatenge chikwangwani. Sukulu yakwanitsa zaka makumi anayi, tikachikhoma pamsonkhano pomwepo. Uyale udzu m'ngolomo, penti isakandike."

Chikwangwanicho chinali chachikulu ngati chitseko cha tchalitchi, choyera, zilembo zabuluu. Wangolo sukulu analekera sitandade thu, ndipo zilembo amazizindikira chimodzichimodzi ngati anthu a mudzi wina. Pobwerera anaimitsa ngolo pakhomo pake n'kuitana mwana.

"Tandiwerengera apa."

Kaphunzitsi anapukuta manja n'kukwera patayala. Pamwamba panali dzina la bambo a Nkhokwezisanu. Pansi pake anawerenga mokweza: "Anapereka malo. Anamanga sukulu ino ndi manja awo."

"Kenako?"

"Basi, ababa."

"Palibe za mmisiri? Za mabanja ena aja?"

"Palibe."

Wangolo anaseka, koma kuseka kosakoma. "Ndi manja awo! Mkulu uja dzanja lake lamanja linali ndi zala zinayi, china chinadyedwa ndi lamba wa chigayo. Njerwa ankainyamula ngati yotentha. Bambo anga anakhala pamakwerero miyezi isanu ndi iwiri, msana wawo sunawongokenso mpaka kumanda."

"Pitani nachotu," anatero mkazi wake ataima pakhomo. "Muonjezere udzu, bodza lisakandike."

Anapita nacho.

Masiku otsatira Wangolo anatuta mtedza. Tsiku lililonse la kumunda ankawapeza ana atakhala padzuwa m'mizere, kuyambira a sitandade fili mpaka eyiti, mphunzitsi ataima pamthunzi akuyang'anira madengu. Kale ankangodutsa akuimba likhweru. Tsopano maso ake ankangogwera pamanja a anawo, akachoka apo n'kupita kumwala waukulu uja. Kunyumba Kaphunzitsi ankapita kwa anzake dzuwa likapendeka kukakopera zimene aphunzira, n'kubwerako ndi mizere itatu.

Loweruka kunabwera azakhali ake a Wangolo, amene anthu ankawatchula a Wailesi chifukwa akayamba kulankhula panalibe pozimitsira. Anali okalamba, oyendera ndodo, koma mawu ankamveka kutsidya kwa msewu.

"Iwe mwana wa mlongo wanga! Ndamva kuti unanyamula bodza pangolo, utaliyalira ndi udzu womwe! Ine dzanja langa lili pansi pamenepaja. Ndinali wamasiye, ndinachotsa mizere makumi awiri pakamwa pa ana anga. Zaka zonsezi ndakhala ndikunena, anthu amangoti a Wailesi ayamba. Ndikanadziwa pamene bambo ako anakumba, ndikanafukula ndi zikhadabo. Koma tsiku lokwirira kunagwa chimvula, tonse tinathawa, munatsala awiri, iwe ndi iye. Iye anapita. Iwe ukudikira chiyani? Kuti nanenso ndipite?"

"Azakhali, khalani pansi mumwe madzi."

"Madzi ndamwa kwathu!"

Atachoka, Wangolo anakhala pakhonde nthawi yaitali. Kenako mkazi wake anadzakhala pambali pake ndi lichero la nyemba, akusankha.

"Ndikukumbukira," anatero Wangolo motsitsa. "Bambo anandiimika msana utagunda mwala uja, nkhope kotulukira dzuwa. Anati, 'Yenda ukuwerenga, phazi limodzi banja limodzi.' Ndinayenda khumi ndi awiri. Anakumba pamenepo kulekeza m'chiuno, n'kuika njerwa, n'kuthira makala pamwamba, poti makala saola. Ndiye anati, 'Ukadzaona wina akusuntha malire, udzabwere pano.'"

"Ndipo munaona."

"Ndinaona. Anayamba n'kunena kuti akusamalira munda wa sukulu. Chaka china anazula khonje wa m'malire. Nthawi imeneyo n'kuti atangondipatsa kumene ng'ombe." Anatembenukira kwa mkazi wake. "Nanga ndikakumba osapeza kanthu? Thirakitala inalimapo kawiri pamenepaja."

"Thirakitala imalekeza m'chiuno?"

"Ayi."

"Mukapanda kupeza, mwana adzadziwa kuti bambo ake anakumba. Mukapeza, ng'ombe zapita ndithu, musadzinamize. Ine ndili ndi manja, inu muli ndi manja, sitingafe. Koma mwana wanga sagwadira munthu chifukwa chofunsa funso."

Masiku anapita Wangolo asananene kuti wasankha chiti.

Lachisanu m'mawa Kaphunzitsi anavala yunifolomu yochapa n'kudzaima pamaso pa bambo ake.

"Ababa, ndaganiza. Ndikagwada. Ndi mphindi imodzi yokha, inu ntchito isakuthereni."

Mawu amenewo anamulasa Wangolo kuposa onse a mkazi wake ndi a azakhali kuphatikiza. Analowa m'nyumba, anatuluka khasu ndi fosholo zili paphewa.

"Kodi kumsonkhano amapita ndi khasu?" anafunsa mkazi wake, akubisa mano ndi nsonga ya mpango.

"Tiyeni, tichedwa."

Msonkhano unachitikira pabwalo la sukulu, pansi pa mitengo. Makolo anadzaza mabenchi, ena pansi. Ana anakhala m'mizere yawo ali oyera bwino, poti tsiku lobwera alendo kumunda sikunkapita munthu. Patebulo loyala nsalu panakhala a Nkhokwezisanu atavala suti, mayi a ku ofesi ndi buku lawo, ndi ahedi. Ahediwo anali obwera, chaka chachitatu pasukulupo. Za kumunda anazipeza zili choncho, ndipo thumba la mtedza limene linkafika kukhomo kwawo chaka chilichonse linkawathandiza kusafunsa. Chikwangwani chija chinatsamira khoma, chitavindikiridwa ndi nsalu.

Ahedi anaimirira n'kuyamba kuwerenga mbiri ya sukulu. "Kalelo kuno kunali tchire ndi umbuli. Koma panali munthu mmodzi wachifundo..."

"Bodza!" anakuwa a Wailesi.

"Agogo, chonde," anthu anawaletsa, ena akuseka.

Atamaliza kuwerenga, ahedi anapinda pepala. "Tisanavundukule chikwangwani, pali mwana amene akufuna kupepesa kwa wapampando wathu."

Kaphunzitsi anaimirira n'kuyamba kuyenda kupita kutebulo. Pabwalo panali zii, moti Wangolo ankamva mapazi a mwana wake pamchenga. Anangozindikira waimirira.

"Ima pomwepo, mwana wanga."

Mitu yonse inatembenuka.

"Pepani akuluakulu. Ine sindidziwa kulankhula pagulu, ndimalankhula ndi ng'ombe. Koma mwana uyu sagwada. Anafunsa funso, ndipo funsolo silinayankhidwe. Mayi a ku ofesi, ana amene mukuwaona oyerawa, Lolemba, Lachitatu ndi Lachisanu amakhala m'munda uwo kuyambira belu mpaka dzuwa pamutu. Lero ndi Lachisanu, ali pano chifukwa cha inu. Mtedza wake sulowa pasukulu pano. Ndikudziwa chifukwa wonyamula ndine."

Mayi a ku ofesi anavula magalasi. "Ahedi, n'zoona?"

"Ndi... ndi phunziro la ulimi, mayi."

"Katatu pasabata? Mpaka masana?"

A Nkhokwezisanu anaimirira akuseka. "Mayi, musavutike. Kamba amanyera amene wamutola. Munthu uyu ndinamutola alibe ndi nsapato yomwe. Malo ano ndi a bambo anga, sukulu ili pano mwachifundo. Ana akathandizako m'munda mwa mwini malo, ndi mlandu? Wina abweretse pepala lonena kuti malo si anga."

"Pepala palibe," anatero Wangolo. "Pali njerwa."

Ndiye anafotokoza zonse, za mabanja khumi ndi awiri, za manja, za makala, za mwala. Achikulire ena anayamba kugwedeza mitu ngati akukumbukira loto. Koma wina kumbuyo anakuwa, "Nthano za a Wailesi izo!" ndipo kunali kuseka.

"Akakumbe," anatero a Nkhokwezisanu. "Ndalola. Koma akapanda kupeza, ng'ombe zanga asadzazikhudzenso, ndipo mwana wakeyo akafune sukulu ina."

Sukulu inayo inali ulendo wa maola atatu, ndipo dzina la mwanayo la mayeso linalembedwa pano. Wangolo anayang'ana mkazi wake. Mkaziyo anangomuloza khasu ndi chibwano.

Mayi a ku ofesi anatseka buku. "Tiyeni tikaone. Nsapato zanga siziopa dothi."

Gulu lonse linatsetsereka m'munda, makolo, aphunzitsi ndi ana. Chigawo cha kumwalako mtedza anali atakumba kale. Wangolo anagunditsa msana pamwala, nkhope kotulukira dzuwa, n'kuyenda akuwerenga mokweza. Pa khumi ndi awiri anaima, anavula malaya, anayamba kukumba.

Dzenje linafika m'mawondo. Linafika m'chiuno. Dothi lofiira lokhalokha. Anakumbabe mpaka m'chifuwa, thukuta likulowa m'maso. Anakulitsa kumanja, anakulitsa kumanzere. Palibe khala ndi limodzi lomwe. Anthu anayamba kung'ung'udza, ena kubwerera kumithunzi.

"Pitiriza," anatero a Nkhokwezisanu ali pansi pa ambulera. "Mwina upeza madzi, ndikhale ndi chitsime chaulere."

Ena anaseka. A Wailesi, kwa nthawi yoyamba chibadwire, anali chete. Wangolo anatsamira fosholo m'dzenjemo. Anaona kuti wakwirira sukulu ya mwana wake ndi khasu lake lomwe, ndipo analakalaka dothilo litangomugwera.

Kaphunzitsi ananjuta m'mphepete mwa dzenje. "Ababa, ndili ndi funso."

"Mafunso akowo ndi amene atifikitsa pano."

"Limodzi lokha. Tsiku limenelo anayenda ndani, agogo kapena inu?"

"Ine."

"Munali ndi zaka zingati?"

"Zisanu ndi zitatu."

"Ndiye miyendo imeneyi munali nayo?"

Wangolo anayang'ana miyendo yake. Ndi munthu wamtali ngati mlongoti, akamayenda pambali pa ngolo ng'ombe zimachita kufulumira.

Kaphunzitsi sanadikire. Anathamangira kumzere wa sitandade thu n'kubwera atagwira kamtsikana kopanda mano akutsogolo. Anakaimika pamwala. "Yenda monga umayendera popita kwanu. Ife tiwerenga."

Kamwanako kanayenda kakugwedeza manja, sukulu yonse ikuwerenga ndi mawu amodzi. Pa khumi ndi awiri kanaima, dzenje la Wangolo lidakali patsogolo ndithu.

"Zakwana!" anakalipa a Nkhokwezisanu. "Munda wanga si bwalo la masewera."

"Munalola nokha kuti akumbe, bambo," anatero mayi a ku ofesi. "Simunanene kuti maenje angati."

Wangolo anatuluka m'dzenje. Asanakweze khasu, kalipentala wa pamsewu, amene ana ake awiri anali m'gulu lolephera mayeso chaka chatha lija, anamulanda. "Pumani, achimwene. Mutu umodzi susenza denga." Wina anatenga fosholo. Amayi ena anayamba kukokolola dothi ndi madengu omwe aja a mtedza. Dzenje linafika m'mawondo, linapitirira. Mwadzidzidzi khasu linatuluka lakuda.

"Makala!"

Mawuwo anathamanga m'gulu ngati moto wa m'tchire. Amene anapita kumithunzi anabwerera akuthamanga. Wangolo analumphiramo n'kukankha onse. "Khasu ayi! Muswa!" Anafukula ndi zala, makala akumudetsa mpaka m'zigongono. Kenako anagwira chinthu cholimba cha ngodya. Anachizula pang'onopang'ono n'kuchikweza. Mkazi wake anali atafika kale ndi ndowa ya madzi. Atathira, dothi linatsika, ndipo panjerwapo panaoneka dzanja la munthu, chikhatho ndi zala zisanu, mizere yake yomwe ikuoneka ngati wadinda dzulo.

Amayi anaimba nthungululu. Wangolo anapitiriza kutulutsa, mkazi wake akutsuka, kalipentala akundandalika pamwala, ana akuwerenga. Zisanu ndi zinayi. Khumi. Khumi ndi imodzi.

A Wailesi anakankha anthu ndi ndodo. "Patukani! Ili si langa. Ili ndi la mlongo wanga, onani kukula. Ili ndi la mkulu uja wa zala ngati chinangwa." Anafika pa njerwa ya dzanja laling'ono. Anataya ndodo, anaika dzanja lawo lokwinyika, ndipo zala zinalowa m'malo mwake chimodzichimodzi. "Ndi ine uyu," anatero, mawu atachepa. "Moni, mtsikana. Wakhalitsa kumdima." Misozi inatsika, ndipo panalibe amene anaseka.

Njerwa yotsiriza Wangolo anaitsuka yekha. Ataiyang'ana anatuluka nayo m'dzenje, anthu akumupatukira, mpaka pamene panaima a Nkhokwezisanu. Dzanja la panjerwapo linali ndi zala zinayi. Pamene panayenera kukhala cholozera panali posalala.

"Bwana, bambo anu ndi awa. Anapereka mizere makumi awiri monga anzawo onse. Sanabwereketse, anapereka. Dzina lawo liyenera kukhala pachikwangwani, koma likhale ndi anzawo khumi ndi mmodzi."

A Nkhokwezisanu anaiyang'ana njerwayo nthawi yaitali. Ambulera inatsika yokha mpaka kugunda pansi. Anatambasula dzanja n'kukhudza posalala paja, kenako n'kulibweza msanga ngati apsa. Anayang'ana anthu, anthu n'kuwayang'ana, wopanda ndi mmodzi yemwe woweramitsa mutu.

"Makiyi a khola ukasiye kwa mlonda," anatero, n'kutembenuka, n'kudutsa m'mizere okhaokha, suti ikukola m'masangwe a mtedza.

Msonkhano unathera pamwala pomwepo, palibe amene anafuna kubwerera kumabenchi. Mayi a ku ofesi anafunsa makolo kuti akufuna chiyani, ndipo anthu amene anakhala zaka ali duu analankhula mpaka kulimbirana. Anagwirizana kuti munda wonse, kuchokera pampanda mpaka pa dzenje la njerwa, ndi wa sukulu. Mtedza wa chaka chino ubwezedwe. Mwana asapondenso m'munda nthawi ya kalasi, makolo azilima okha Loweruka monga ankachitira eni manja aja. Pokweza manja, upampando unagwera kalipentala.

"Ahedi, Lolemba tidzaonane ku ofesi," anatero mayiwo, ahedi akupukuta thukuta ndi pepala la mbiri lija. Kenako anatembenukira kwa Kaphunzitsi. "Ndiwe wa funso uja?"

"Eya, mayi."

"Yankho lake ndi ayi. Kuthothola mtedza sikubwera pa mayeso. Kalowe m'kalasi."

Ana anakuwa mpaka akhwangwala anathawa m'mitengo. Masabata atatu otsalawo aphunzitsi anaphunzitsa m'mawa ndi masana, kaya chifukwa cha manyazi kaya mantha, Wangolo akuti sakudziwa. Zotsatira zitatuluka, anakhoza khumi ndi anayi, ndipo dzina la pamwamba linali la mwana wake. Chikwangwani chija anachipaka penti yakuda, pano ndi bolodi ya sitandade wani. Njerwa khumi ndi ziwirizo zili mu ofesi, zikudikira khoma la kutsogolo la kalasi yatsopano, imene dothi lake timaponda tsiku limenelo.

Atafika apa ndinamufunsa kuti nanga iye anatani atachoka pamwala paja.

"Ine? Ndinapita kukhola, ndinasiya makiyi. Ndinatsanzikana ndi Mtambo ndi Phulusa. Sindinama, ndinalira pang'ono, koma mlonda yekha ndi amene anaona. Nditafika kunyumba ndinakwera pampando n'kutsitsa chikombole cha njerwa cha bambo anga kudenga. Chiswe chinadya mbali imodzi, kalipentala anakonza. Ndi ichi ukuchionachi. Anthu akunditchulabe Wangolo, kaya adzasiya liti. Taponda, mnzanga, dothi likuuma."